Sukulu ya pa Khondowe Njoyenera Kuyamikidwa, Ife a ku Karonga Ndife Mboni

Pa 27 Ogasiti 2003, Sinodi ya Livingstonia ya mpingo wa CCAP inatsegula sukulu ya ukachenjede pa Khondowe, pamwamba pa phiri loyang'anizana ndi Nyanja ya Malawi. Inayamba ndi ophunzira owerengeka, ofuna uphunzitsi wa ku sekondale, m'nyumba zakale za njerwa zootcha zimene amishonale a ku Scotland anasiya. Inalibe thumba la boma loti izitapamo, ndipo msewu wopita kumeneko unali woti mvula ikagwa, ngakhale dalaivala wolimba mtima ankadodoma nawo. Papita zaka zoposa 20 tsopano. University of Livingstonia ikadalipo, yakula, ndipo ana athu ochokera ku Kaporo, Lupembe, Nyungwe ndi Chilumba akukwera phirilo n'kutsika ndi madigiri. Ntchito yotere ikachitika, kungokhala duu n'kusayamika. Lero tikuyamika, ndipo tifotokoza zifukwa zake.

Wina afunsa kuti, "Khondowe ali m'boma la Rumphi, nanga inu a ku Karonga zikukukhudzani bwanji?" Malire amene tikuwadziwa lerowa ndi a dzulodzulo. M'nthawi ya atsamunda, Khondowe, Chitipa ndi Karonga zinali m'boma limodzi lotchedwa North Nyasa, ndipo likulu lake linali kuno ku Karonga. Mipingo ya CCAP ya m'boma lino, kuyambira ku Songwe mpaka kummwera kwa Chilumba, ili pansi pa Sinodi ya Livingstonia, kutanthauza kuti Akhristu akuno ndi ena mwa eni ake a yunivesiteyi. Komanso munthu wochokera ku Karonga akamapita ku Mzuzu pa msewu wa M1, akafika pa Chitimba amadutsa m'tsinde mwenimweni mwa phirilo. Sukulu imeneyi ndi ya pakhomo pathu, ndipo mbiri yake ndi yolukana ndi mbiri yathu.

Mishoni ya Livingstonia inafika m'dziko muno m'chaka cha 1875, yotumidwa ndi mpingo wa Free Church of Scotland pokumbukira David Livingstone. Anayamba kumanga ku Cape Maclear, koma malungo anawasowetsa mtendere ndipo anasamukira ku Bandawe mu 1881. Dr Robert Laws, mnyamata wa ku Aberdeen amene anali dokotala, m'busa komanso wodziwa ukalipentala, sanakhutire ndi masukulu a m'midzi ophunzitsa kuwerenga ndi kulemba kokha. Ankafuna malo ozizira, a madzi abwino ndi nthaka yokwanira, oti amangepo sukulu yaikulu yosula aphunzitsi, abusa, azachipatala ndi amisiri. Mu 1894 anasankha Khondowe. Sukuluyo inatchedwa Overtoun Institution polemekeza Lord Overtoun, munthu wachuma wa ku Scotland amene anathandiza kwambiri ndi ndalama.

Tikumbukire mmene Karonga analili chaka chimenecho. Mkangano wa pakati pa Mlozi, wamalonda a akapolo, ndi azungu, umene unayamba ndi nkhondo yake ndi kampani ya African Lakes mu 1887, unali usanathe. Midzi ya Angonde inali itawotchedwa, anthu atathawira m'madambo ndi m'mapiri, ndipo malonda a akapolo anali akuyendabe. Mlozi anali akadali m'linga lake ku Mpata, ndipo anagonjetsedwa n'kupachikidwa mu Disembala 1895. Choncho pamene mitengo inkadulidwa ndi njerwa zinkaumbidwa pa Khondowe, m'boma lomwelo munthu ankagulitsidwabe ngati mbuzi. M'nyengo yotero, kunena kuti mwana wa Mngonde, Mtumbuka kapena Mtonga angathe kuphunzira masamu ovuta, mbiri ya dziko lapansi ndi zaumulungu kunafunika chikhulupiriro chachikulu mwa Mulungu komanso mwa munthu wakuda. Azungu ambiri a nthawi imeneyo analibe chikhulupiriro chachiwirichi. Laws anali nacho, ndipo apa m'pamene kuyamika kwathu kukuyambira.

Chimene chinasiyanitsa Overtoun ndi masukulu ena chinali kukula kwa maphunziro ake. Mnyamata ankaphunzira Chingerezi, masamu, mbiri, Baibulo ndi luso la kulingalira, koma ankagwiranso khasu ndi sowo. Kunali maphunziro a uphunzitsi, a ubusa, a zachipatala, a ukalaliki ndi kutumiza mauthenga pa lamya, a zomangamanga, ukalipentala, kusindikiza mabuku ndi ulimi. Laws anatengera chitsanzo cha Lovedale, sukulu ya mpingo womwewo ku South Africa, kumene kunachokera William Koyi, mlaliki wachikhosa amene anagwira ntchito pakati pa Angoni. Maganizo ake anali akuti mutu, mtima ndi manja zikulire limodzi. Ndipo zimene ankaphunzitsa ankazionetsa ndi maso. Madzi anabwera m'mipope kuchokera kumapiri, nyumba ya miyala yotchedwa Stone House inamangidwa mu 1903, magetsi opukusidwa ndi madzi anayaka mu 1905, ndipo chipatala cha David Gordon Memorial chinatsegulidwa mu 1911. Msewu wa Gorodi, wokhala ndi makona 20 okhotakhota kuchokera kunyanja, unakumbidwa ndi manja a anthu. Ambiri mwa manja amenewo anali a makolo athu, ndipo ulemu ukuyenera kufika kwa iwonso.

Zipatso zoyamba zooneka za maphunziro amenewa zinapsa kuno ku Karonga. Mu 1912, anthu ophunzira a m'boma lino anayambitsa bungwe la North Nyasa Native Association, loyamba la mtundu wake m'dziko la Nyasaland. Pakati pa atsogoleri ake panali Simon Muhango ndi Levi Mumba, amene anali mlembi. Anthuwa ankakumana, kukambirana, kulemba mfundo zawo m'Chingerezi chomveka bwino n'kuzitumiza kwa akuluakulu a boma la atsamunda. Ankalankhula za maphunziro, za msonkho, ndiponso za mmene anthu akuda ankachitidwira m'dziko lawo lomwe. Analibe mfuti. Zida zawo zinali cholembera, ndondomeko ya msonkhano ndi kulimba mtima kofunsa mafunso, ndipo zonsezi anazinola ku Livingstonia. Mabungwe ena ofanana nalo anabadwa m'maboma ena, ndipo mu 1944, pamene Nyasaland African Congress inakhazikitsidwa, pulezidenti wake woyamba anali Levi Mumba yemweyo. Amene amanena za mbiri ya ufulu wa dziko lino osatchula Karonga ndi Khondowe amakhala atadumpha tsamba loyamba.

Kutchuka kwa sukuluyi kunadutsa malire. Clements Kadalie, wa ku Chifira pafupi ndi Bandawe, atamaliza maphunziro ake pa Overtoun anapita kummwera, ndipo mu 1919 anayambitsa ku Cape Town bungwe la anthu apantchito la ICU limene linagwedeza South Africa yense. David Kaunda anatumidwa kukalalikira ndi kuphunzitsa ku Chinsali, ndipo mwana wake Kenneth anadzakhala mtsogoleri woyamba wa dziko la Zambia. Mu 1914, Yesaya Zerenje Mwasi, Hezekiah Tweya ndi Jonathan Chirwa anadzozedwa kukhala abusa oyamba achikuda a mishoniyi. Zaka zambiri pambuyo pake, Legson Kayira, mwana wa mlimi wosauka wa ku Nthalire, dera limene panthawiyo linali m'boma la Karonga, anaphunzira pa sekondale ya Livingstonia. Mu 1958 ananyamuka wapansi kulowera kumpoto kwa Africa kukafuna maphunziro, anafika ku Khartoum, ndipo mu 1960 anafika ku koleji ya Skagit Valley ku America. Buku lofotokoza za ulendo wakewo, I Will Try, linatuluka mu 1965. Njala ya maphunziro yoyendetsa munthu mtunda wotere imabzalidwa ndi aphunzitsi, ndipo aphunzitsi akewo anali a paphiri pomwepa.

Kuyamika koona sikubisa zipsera. Mishoni inatenga dera lalikulu la nthaka ya anthu a ku Phoka. Ulamuliro wa amishonale unali wouma, ndipo anthu akuda ophunzira bwino ankadikira zaka zambirimbiri kuti adzozedwe kapena kupatsidwa udindo wolingana ndi nzeru zawo. Charles Domingo, mmodzi mwa ophunzira anzeru kwambiri a Laws, anachoka asanadzozedwe. Mwasi mwiniwake anatuluka mu 1933 n'kuyambitsa mpingo wakewake, ndipo Charles Chinula nayenso anayambitsa mpingo wake. Atsikana ofika patali ndi maphunziro anali ochepa zedi poyerekeza ndi anyamata. Izi zinachitika, ndipo siziyenera kufufutidwa. Koma taonani kuti anthu amene anadzudzula amishonale mwamphamvu anali ana a sukulu yomweyo. Inawaphunzitsa kuwerenga Baibulo okha, kuyeza mawu ndi zochita, ndi kulankhula mopanda mantha. Sukulu imene ophunzira ake amatha kuitsutsa ndi mfundo zomveka ndiye kuti yagwira ntchito yake.

Laws ankalakalaka kuti Overtoun idzasanduke yunivesite, koma sanaione. Nkhondo yoyamba ya dziko lonse, imene inafika mpaka kuno pamene Ajeremani anathira nkhondo Karonga mu Seputembala 1914, inamwaza ophunzira ndi antchito. Ndalama zochokera ku Scotland zinachepa. Nthumwi zoona za maphunziro za bungwe la Phelps-Stokes zimene zinayendera dziko lino mu 1924 zinkakonda maphunziro osavuta a kumudzi koposa maphunziro apamwamba a munthu wakuda. Laws anapuma mu 1927 ndipo anamwalira mu 1934. Ku South Africa, koleji ya Fort Hare inatsegulidwa pafupi ndi Lovedale mu 1916, koma kuno sekondale yoyamba inabwera mu 1940 ku Blantyre, University of Malawi inayamba kuphunzitsa mu 1965, ndipo chigawo cha kumpoto chinadikira mpaka 1999 pamene Mzuzu University inalandira ophunzira ake oyamba. M'zaka zonsezo, mpingo sunataye malo aja. Unasunga sekondale, sukulu ya zaumisiri, chipatala ndi tchalitchi. Mu Malichi 1959, boma litalengeza za chipwirikiti n'kutumiza ndege kudzafunsa ngati azungu a pamishoni akufuna kuwathawitsa, anthu akuda ndi azungu anagwirizana zokhala limodzi, ndipo anayala miyala pabwalo yolemba Aefeso 2:14 kuti woyendetsa ndegeyo awerenge. Malo okhala ndi mbiri yotere anayenera kudzakhala ndi tsogolo.

N'chifukwa chake chimene Sinodi inachita mu 2003 tikuchiona kuti n'chachikulu. Chinabwera pa nthawi yake. Maphunziro aulere a ku pulayimale atayamba mu 1994, ana anadzaza m'makalasi, masukulu a sekondale oyendera anachuluka, koma aphunzitsi odziwa bwino ntchito yawo anali osowa. Achinyamata ambiri okhoza bwino mayeso a MSCE ankangokhala pakhomo chifukwa malo m'mayunivesite a boma anali ochepa. Kuno kumpoto bala limeneli linadzapweteka kwambiri chifukwa cha ndondomeko ya kota yosankhira ophunzira a ku yunivesite potengera maboma awo, imene inabwereranso mu 2009 n'kudzathetsedwa mu 2020. Sinodi ya Livingstonia inalankhula motsutsa ndondomekoyo, monga aliyense akudziwa. Koma kulankhula kokha sikulowetsa mwana m'kalasi. Mpingo unali utatsegula kale khomo lina, ndipo unayamba ndi chimene dziko linkasowa koposa, ndicho aphunzitsi. Abwenzi akunja anathandiza, ena mwa iwo a Henry Kirk ndi akazi awo a Jenny ochokera ku Washington ku America, koma maganizo, malo ndi udindo zinali za mpingo wa kuno.

Lero yunivesiteyi ili ndi nthambi ya Laws pa Khondowe, ya Ekwendeni ndi ya Kaning'ina ku Mzuzu. Kuwonjezera pa uphunzitsi, kuli maphunziro a zaumulungu, a zaumoyo, a makompyuta, a zachilengedwe, a chakudya ndi kadyedwe koyenera, a zachitukuko ndi a ufulu wachibadwidwe. Siinakule mothamanga, ndipo ife sitikuona vuto pamenepo. Akuluakulu anati tsokonombwe anatha mtunda n'kudumpha. Ku America, makoleji ang'onoang'ono oyambitsidwa ndi mipingo ya chi Presbyterian akhala akutulutsa atsogoleri kwa zaka zoposa 100. Lincoln University ku Pennsylvania, imene inayamba mu 1854, ndiyo inaphunzitsa Kwame Nkrumah wa ku Ghana ndi Nnamdi Azikiwe wa ku Nigeria. Mphamvu ya sukulu zotere siili pa kuchuluka kwa nyumba zosanjikizana. Ili pa mphunzitsi amene amadziwa dzina la wophunzira aliyense, ndi pa maphunziro okuza munthu yense osati kungomukonzekeretsa mayeso.

Amene akufuna kumvetsa moyo wa pasukuluyi akaime pa Chitimba tsiku lotsegulira. Adzaona mtsikana atatsika minibasi yochokera ku Karonga, ali ndi sutikesi, ndowa, bulangete lokulunga ndi kathumba ka mpunga wa Kilombero kamene amayi ake amupatsira. M'chikwama muli risiti ya ku banki, ndipo ndalama za fizizo zachokera m'matumba a mpunga wa ku Wovwe kapena ku Hara, kapena pa ng'ombe imene bambo ake agulitsa atalingalira usiku wonse. Amadikira galimoto yokwera phiri, kapena kukambirana mtengo ndi mnyamata wa kabaza wa njinga yamoto. Akamakwera, nyanja imaoneka kumanzere, kenako kumanja, kenako kumanzerenso, ikunka icheperachepera pansi. Pofika pamwamba thukuta la kunyanja lauma, ndipo ayamba kufunafuna juzi. Mwana wokulira m'kutentha kwa Karonga amachidziwa bwino chisanu cha Juni ndi Julayi pa Khondowe, pamene nkhungu imaphimba mitengo m'mawa ndipo madzi osamba amaluma m'manja.

Pamwambapo palibe phokoso la m'tauni. Pali tchalitchi chachikulu cha njerwa chokhala ndi zenera la magalasi amitundumitundu losonyeza Livingstone, pali Stone House imene tsopano imasunga zinthu zakale za mishoni, pali chipatala, sekondale, sukulu ya zaumisiri ndi kamsika. Wophunzira za mbiri amatuluka m'kalasi n'kukagwira ndi manja ake zinthu zimene amawerenga m'buku. Wophunzira zaumoyo ali ndi chipatala ndi midzi pafupi. Loweruka ena amatsetsereka kukaona mathithi a Manchewe, amene madzi ake amagwa mamita oposa 100, ena amakwera ku Chombe, ena ali pabwalo la mpira wa miyendo kapena wa manja. Madzulo kumamveka makwaya akuyeserera nyimbo za Lamulungu, ndipo magulu a mapemphero monga SCOM ndi CCAPSO amakumana. M'chipinda chimodzi chogona mumapezeka Mngonde, Mchewa wa ku Dedza, Mlomwe wa ku Thyolo ndi Mlambya wa ku Chitipa. Wina amaphunzira kudya kondowole, wina amalawa mbalagha koyamba, wina amabwerera kwawo akutha kupereka moni m'Kyangonde. Dziko lathu limavutika ndi kusankhana zigawo. Achinyamata akagawana mbale ndi makandulo kwa zaka zinayi pamalo pamene palibe kothawira, zimavuta kuti adzanamizidwe kuti mnzawo uja ndi mdani chifukwa cha kumene anabadwira.

Pali zinthu zitatu zimene tikufuna kuyamika mwapadera. Choyamba ndi kukhazika yunivesite kumudzi. Masukulu ambiri a ukachenjede omwe si a boma anathamangira ku Blantyre ndi ku Lilongwe kumene kuli anthu a ndalama. Sinodi inayambira pamalo ovuta kufikako, ndipo potero inabweretsa ntchito ndi malonda kwa anthu ozungulira: amayi ogulitsa nthochi, tomato ndi mandasi, eni nyumba zochititsa lendi, osoka zovala, akalipentala ndi anyamata a kabaza. Mwana wa pulayimale wa ku Phoka kapena wa m'mbali mwa nyanja amakula akuona anthu ovala mikanjo ya madigiri, ndipo amadziwa kuti zimenezi n'zotheka kwa iyenso. Msewu wa phula wochokera ku Njakwa wapeputsa ulendo wa ochokera ku Rumphi ndi ku Mzuzu, ndipo n'zosakayikitsa kuti kukhalapo kwa masukulu ndi chipatala paphiripo kunalimbikitsa mfundo yomanga msewuwo.

Chachiwiri ndi kulemekeza uphunzitsi. M'dziko muno ntchito ya uphunzitsi ambiri amaitenga ngati pothawira zina zikakanika. Livingstonia inaiika patsogolo kuyambira masiku a Laws, ndipo yunivesite inayambira pomwepo. Ophunzira ake amapita kukayeserera kuphunzitsa m'masekondale a kumidzi, kumene mabuku ndi ochepa ndipo labotale kulibe, n'kuphunzira kugwira ntchito ndi zimene zilipo. Mphunzitsi mmodzi wabwino wa masamu kapena sayansi pa sekondale yoyendera ya ku Mlare kapena ku Iponga amasintha tsogolo la ana mazanamazana. Phindu lotere silituluka m'nyuzipepala, koma makolo amaliona zotsatira za mayeso zikatuluka.

Chachitatu ndi kusalekanitsa nzeru ndi khalidwe. Malawi sakusowa anthu a mapepala. Amene akhala akuba ndalama za boma, monga zinaululikira pa nkhani ya Cashgate mu 2013, sanali mbuli. Chimene chikusowa ndi munthu wophunzira amene angasiyidwe ndi makiyi a mosungira mankhwala kapena buku la ndalama za sukulu, anthu n'kugona tulo. Sitikunena kuti aliyense wotuluka pa sukulu ya mpingo ndi woyera mtima. Tikunena kuti sukulu imene imaphunzitsa poyera kuti kuba ndi tchimo, kuti ntchito ndi utumiki, ndiponso kuti munthu aliyense ali ndi ulemu pamaso pa Mulungu, ikuthira mankhwala pamene pali bala lenileni. Ndipo n'zoyamikika kuti khomo lake n'lotsegukira ophunzira a mipingo ina, osati a CCAP okha.

Poti tayamika, tiloleni tinenenso zimene tikuyembekezera, chifukwa bwenzi lenileni silingoomba m'manja. Fizi ya yunivesite yosathandizidwa ndi boma ndi katundu wolemera kwa mlimi ndi msodzi. Bungwe lopereka ngongole kwa ophunzira a m'sukulu za ukachenjede, limene linayamba ntchito mu 2015, limafikira ena koma osati onse. Tikupempha Sinodi, mapresibitale ndi amene anaphunzira kumeneko kuti akuze thumba lothandiza ana osauka anzeru, makamaka atsikana, amene m'boma lathu lino ambiri amasiyira sukulu panjira chifukwa cha maukwati a ana. Kachiwiri, kukula kusapose mphamvu. Chiyeso cha sukulu iliyonse yodalira fizi ndicho kulemba ophunzira ochuluka kuposa mabedi, mabuku, makompyuta ndi aphunzitsi amene ilinawo. Miyezo ya bungwe la National Council for Higher Education isaonedwe ngati chipsinjo, koma ngati poyambira. Kachitatu, atsogoleri a mpingo apatse mpata akatswiri a maphunziro kuyendetsa sukulu mwaukadaulo, ndipo ophunzira akhale ndi ufulu wofunsa ndi kutsutsa mwaulemu. Paja ndi mzimu umenewu umene unabala Mumba, Kadalie ndi Mwasi.

Tikupemphanso kuti yunivesite itsike phiri kawirikawiri n'kuyang'ana kuno. Karonga ndi buku lotseguka kwa wofufuza aliyense. Kuli mgodi wa yureniyamu ku Kayelekera ndi migodi ya malasha, pamodzi ndi mafunso ake okhudza madzi, nthaka ndi phindu la eni dera. Kuli zivomerezi, monga zija za mu Disembala 2009 zimene zinagwetsa nyumba zambiri, ndi madzi osefukira a mitsinje ya Rukuru, Lufilya ndi Songwe. Kuli masikimu a mpunga, usodzi, ndi malonda a pachipata cha Songwe. Ku Chilumba kwakhala kukuchitika kafukufuku wa khate, chifuwa chachikulu ndi matenda ena kuyambira mu 1979, ndipo nyumba yosungira zakale ya Karonga, imene inatsegulidwa mu 2004, ikusunga mafupa a nyama yakalekale yotchedwa Malawisaurus ndi mbiri ya anthu akalekale. Kuli chiyankhulo cha Kyangonde, magule monga mapenenga ndi ndolo, ndi mbiri ya ufumu wa a Kyungu, zimene zikufunika ozilemba akuluakulu odziwa asanathe. Ophunzira a zachilengedwe, zaumoyo, zachitukuko ndi mbiri akabwera kudzagwira ntchito zawo kuno, n'kubweza zimene apeza kwa mafumu, khonsolo ndi alimi m'chiyankhulo chomveka, ubale wa Khondowe ndi Karonga udzakhala wa mbali ziwiri monga unalili mu 1912.

Kwa abusa ndi madoda a Sinodi ya Livingstonia amene analimba mtima mu 2003, kwa aphunzitsi amene anasankha kukhala paphiri pamene akanatha kupeza malipiro abwino m'tauni, kwa ophika, alonda ndi osesa amene dzina lawo silimveka pa tsiku la madigiri, ndi kwa makolo amene amadzimana kuti mwana aphunzire, tikuti zikomo kwambiri, mwagwira ntchito yotamandika. Mpingo wa CCAP, umene unabadwira pa Khondowe pomwepo mu 1924 pamene Livingstonia ndi Blantyre anagwirizana, unakwanitsa zaka 100 mu 2024, ndipo yunivesiteyi ndi imodzi mwa ntchito zimene ungaloze mosachita manyazi.

Kwa inu a ku Karonga amene munaphunzira kumeneko, kaya pa sekondale, pa zaumisiri kapena pa yunivesite, kuyamika kwanu kusathere pakamwa. Pezani mwana mmodzi wanzeru wa m'mudzi mwanu amene wakhoza mayeso koma alibe pogwira, mumulipirire ngakhale teremu imodzi, ndipo muuze anzanu achite chimodzimodzi.